Chipinda chakuda ndi phokoso losatha: kumene kajambulidwe ka David Lynch kanachokera

Amene anaonerapo Blue Velvet, Twin Peaks kapena Mulholland Drive akudziwa kuti mantha a m'mafilimu amenewa amayamba kanthu kasanachitike. Munthu wangokhala pampando, babu ikuphethira, kumbuyo kwake kuli mdima woti sungadziwe pamene khoma lathera, ndipo chapansipansi pakumveka kulira konga kwa thiransifoma, kosalekeza. Palibe wasolola mpeni, koma woonera thupi lachita kale tsembwe.

Kajambulidwe kameneka sikanabadwire ku Hollywood. Pafupifupi zonsezi David Lynch, amene anapanga mafilimu amenewa, anazipeza pakati pa 1966 ndi 1977, ali mwana wasukulu wa m'thumba mouma, ndipo zambiri zinayamba ngati njira yozembera vuto: kamera yowonongeka, nyumba yosaoneka bwino pa kanema, kusowa ndalama zolembera akatswiri. Ndalama zitabwera, njirazo sanazitaye. Kwa achinyamata amene akujambula makanema ndi foni ku Kawale, ku Chinsapo kapena ku Area 25, mbiriyi ndi yogwirika, poti mavuto ake ndi omwewa.

Mafilimu otere amawaika m'gulu lotchedwa surrealism, lomwe linayambira ku Paris pamene André Breton anatulutsa chikalata chake mu 1924. Mfundo yake inali yoti zinthu zizilumikizana mmene zimachitira kumaloto. Kumaloto umatha kukhala m'nyumba ya agogo kumudzi, n'kutsegula chitseko, n'kupezeka uli m'kalasi ya sitandade 5, osadabwa n'komwe. Filimu yakale yotchuka ya gululi ndi Un Chien Andalou ya Luis Buñuel ndi Salvador Dalí, ya 1929. Izi tisazisokoneze ndi makanema a zaufiti omwe tinazolowera. M'makanema amenewo chodabwitsa chimakhala ndi mwiniwake, mfiti imadziwika, ndipo kumapeto abusa kapena asing'anga amamasulira zonse. Kwa Lynch womasulira kulibe.

Lynch anabadwa mu 1946 ku Missoula, m'chigawo cha Montana ku America, ndipo chimene ankafuna n'kukhala wopenta zithunzi. Mu 1966 analowa sukulu ya zaluso ya Pennsylvania Academy of the Fine Arts mumzinda wa Philadelphia. Iye mwini ankakonda kufotokoza kuti tsiku lina akupenta chithunzi chakuda cha dimba usiku, anamva ngati mphepo ikuwomba kuchokera m'chithunzimo ndipo zomera zinaoneka ngati zikugwedera. Kuyambira pamenepo anafuna chithunzi chopenta choti chiziyenda komanso chizimveka. Taonani zimene ankafunazo: kuyenda ndi phokoso. Nkhani yokhala ndi poyambira ndi pothera sinali m'maganizo mwake, inabwera pambuyo.

Ntchito yoyamba, Six Men Getting Sick ya 1967, n'kovuta kuitcha filimu. Anapanga chophimba choonetserapo kanema chokhala ndi mitu itatu ya pulasitala yotundumuka, yomwe mnzake Jack Fisk anaiumba pogwiritsa ntchito nkhope ya Lynch yemweyo ngati chikombole. Pa chophimbacho ankawalitsapo kanema wa zojambula pamanja wa pafupifupi mphindi imodzi: anthu asanu ndi mmodzi, mimba zawo zikudzadza, moto ukuyaka, onse n'kusanza. Filimuyo anailumikiza kutsogolo ndi kumbuyo ngati lamba kuti izingobwereza, sayirini ikulira osaleka. Zonse zinadya pafupifupi madola 200, ndipo anagawana mphoto yoyamba ndi wophunzira mnzake pa chionetsero cha pasukulupo.

Kanema wa mtundu umenewu amajambulidwa fremu imodziimodzi, kutanthauza chithunzi chimodzichimodzi. Kamera imamangidwa pamalo amodzi, wojambula amapenta pang'ono, n'kujambula, n'kupentanso pang'ono, n'kujambulanso. Filimu imayenda mafremu 24 pa sekondi, ndiye kuti mphindi imodzi imafuna mafremu 1,440. Ambiri amachepetsa ntchito pojambula chithunzi chilichonse kawiri, komabe zimatsala zosintha 720. Munthu amene wakhala masabata akusuntha kadontho ka penti kotereku amaphunzira kuona chithunzi chilichonse ngati chinthu chomangidwa ndi manja, kuyambira pakona mpaka pakona. N'chifukwa chake m'mafilimu ake a pambuyo pake kamera imatha kuima nthawi yaitali pa katani, pa nyale kapena pa khutu lodulidwa lomwe nyerere zikuyendapo mu Blue Velvet, ngati kuti chithunzicho chapachikidwa pakhoma.

Amene akufuna kuyesa ndi foni adziwe kuti zolakwika zake n'zodziwika. Foni ikasuntha ngakhale pang'ono pokha poigwira, chithunzi chonse chimanjenjemera pochiseweretsa, choncho imangidwe zolimba ndipo muzijambula ndi batani la pa mahedifoni kapena ndi taima. Mukaisiya kuti izidzisankhira yokha kuwala, fokasi ndi mtundu wa kuyera, fremu iliyonse imatuluka mosiyana ndi inzake, kanemayo n'kumaphethira. Zitatuzi muzitseke musanayambe. Kuwala kwa pawindo nakonso n'konyenga, chifukwa dzuwa la 9 koloko si la 2 koloko, ndipo mtambo umodzi wokha umasintha mafremu 30. Tsekani mawindo, yatsani nyale imodzi ya batire yotchajidwa modzadza.

Wophunzira mnzake wina wopeza bwino, H. Barton Wasserman, ataona mitu ija anapereka madola 1,000 kuti Lynch amupangire zofanana nazo zoika kunyumba. Lynch anagula kamera yakale ya Bolex ya filimu ya 16mm, n'kugwira ntchito pafupifupi miyezi iwiri. Filimu itachoka kotsukitsa, munalibe chithunzi n'chimodzi chomwe, munali chimbuuzi chokhachokha. Kamerayo inali ndi chilema. M'kamera ya filimu muli kachitsulo kokoka filimu fremu imodzi, n'kuiimika, chitseko cha kuwala n'kutseguka filimuyo ili chiimire; kayendedwe kameneka kakasokonekera, kuwala kumagwera pa filimu yosakhazikika ndipo zithunzi zimapakana. Wojambula sangadziwe ali pantchito, chifukwa filimu sioneka mpaka itatsukidwa. Akatswiri n'chifukwa chake amayamba ajambula kampukutu koyesera ndi kamera iliyonse yachilendo. Lerolino kuyesa kwake n'kujambula mphindi ziwiri, kuzikopera mu laputopu n'kuziona pa sikirini yaikulu ndi mahedifoni musanaitane anthu.

Wasserman anamuuza kuti ndalama zotsalazo achite nazo zimene akufuna. Munatuluka The Alphabet ya 1968, ya mphindi zinayi, yosakaniza zojambula pamanja ndi munthu weniweni. Mkazi wake Peggy ndiye anasewera mtsikana wogona pabedi, ndipo ganizo lake linachokera kwa mwana wa m'bale wake wa Peggy, amene ankatchula zilembo za alifabeti ali m'tulo, akubwebweta. Chinthu chosaopsa ngati A, B, C chinasanduka chozunza, ndipo mtsikanayo amathera kulavula magazi pa nsalu zoyera. Pofuna phokoso, Lynch anatepa kulira kwa khanda lake, Jennifer, ndi tepi rekoda ya Uher yomwe inali yowonongeka. Mawu anatuluka opotoka, iye n'kuwakonda, n'kuwaika momwemo. Chilema cha kamera chinamudyera miyezi iwiri, chilema cha rekoda chinamupatsa mawu amene sakanawapeka. Kusiyanitsa ziwirizi, cholakwika chotaya ndi cholakwika chosunga, ndi luso lomwe anakhala nalo moyo wake wonse.

Filimu yomwe inaumba zambiri ndi The Grandmother ya 1970, ya mphindi zopitirira pang'ono 30, yomwe anaipanga ndi thandizo la madola 5,000 lochokera ku American Film Institute, ndalama zina n'kuwonjezeredwa ntchito ili mkati. Nkhani yake mwana aliyense angaimve. Mnyamata amakodza pabedi, bambo ake amamuzunza, mayi ake samuteteza. Iye amapeza mbewu, amathira dothi pabedi la m'chipinda chapamwamba, amabzala, amathirira, ndipo chomeracho chimabala agogo aakazi oti azimukonda. Mulibe zokambirana. Makolowo amachita kuuwa ngati agalu.

Anajambulira m'nyumba yomwe ankakhala, ndipo zipinda anazipenta zakuda, osewera n'kuwapaka zoyera kumaso. Phindu lake ndi la pawiri. Khoma lakuda limabisa umphawi wa malo ojambulira, chifukwa chimene kamera sikuona simufunika kuchigula. Komanso woonera akalephera kuona pamene chipinda chathera, maganizo ake amadzadzamo okha zimene amaopa. Ngakhale filimuyi ndi yamitundu, imaoneka ngati yakuda ndi yoyera, kotero kuti mtundu ukatulukira, monga kufiira kwa milomo kapena banga la mkodzo pa nsalu, umabaya m'maso.

Mdima wa pa kanema suchitika pozimitsa nyale. Mukajambula m'chipinda chopanda kuwala kokwanira, foni imadzikweza yokha mphamvu yoonera, ndipo chakuda chija chimasanduka phulusa lodzadza timadontho tothamangathamanga. Chofunika n'kuwalitsa munthu mokwanira n'kuletsa kuwalako kufika pakhoma. Lamulo lake ndi la masamu: mtunda ukawirikiza kawiri, kuwala kumatsala gawo limodzi mwa magawo anayi. Wosewera akakhala mita imodzi kuchokera pa nyale, khoma lili mamita atatu kuchokera pa nyale yomweyo, khomalo limalandira gawo limodzi mwa magawo asanu ndi anayi a kuwala komwe kuli pankhope. Ndiye musamuyedzamiritse kukhoma, mukokereni pakati pa chipinda, nyale ibwere pafupi, ndipo m'mbali mwa nyaleyo mutchinge ndi katoni. Penti akhale wosanyezimira, ngati uja amapaka pa bolodi kusukulu. Penti wa oyilo wonyezimira amabweza kuwala ngati galasi ndipo chinyengo chonse chimaululika. M'nyumba ya lendi, momwe alandilodi sangalole zopenta, mabulangete kapena makatani akuda a pa kaunjika ku Tsoka amagwira ntchito. Pepala lakuda lija timafolerera nyumba lisayerekezedwe n'komwe, limang'anima paliponse pomwe lapindika.

Zopaka nkhope zoyerazo ndiye zosatengera. Lynch ankajambula azungu, ndipo kuno nkhope yopakidwa zoyera ili ndi matanthauzo ake akalekale a kudambwe ndi kuchinamwali, moti woonera wa ku Mitundu adzawerengapo zina zomwe simunalinge. Khungu lakuda pa khoma lakuda limafuna nyale yochokera chakumbuyo cham'mbali kuti ijambule mzere wowala paphewa ndi patsaya, ndi katoni yoyera kutsogolo yobwezera kuwala pang'ono m'maso. Timafuta pang'ono pankhope timathandiza, chifukwa khungu lakuda limaoneka bwino ndi kunyezimira kusiyana ndi kulithira kuwala kochuluka.

Koma chachikulu chomwe The Grandmother inamupatsa ndi munthu, Alan Splet, amene ankagwira ntchito ya mawu pa kampani ina yopanga mafilimu a zamakampani ku Philadelphia. Awiriwa anamvera mawu osungidwa kale omwe opanga mafilimu amangotenga n'kuika, n'kuona kuti palibe logwirizana ndi zithunzizo. Anakhala masiku 63 akupanga phokoso lililonse okha. Pofuna mawu obwerera ngati a m'phanga, makina ake panalibe, choncho anadutsitsa mawuwo m'chipaipi chachitsulo chopitira mpweya n'kuwatepanso kumapeto kwake, mobwerezabwereza mpaka atatalika. Splet anagwiranso naye ntchito pa Eraserhead, The Elephant Man, Dune ndi Blue Velvet, ndipo anamwalira mu 1994.

Chimene anatulukira n'choti chipinda chilichonse chili ndi mawu ake ngakhale mulibe wolankhula, ndipo mawu amenewo mukhoza kuwasankha monga mmene mumasankhira mtundu wa penti. Ambiri opanga makanema kuno amachita zosiyana: pomwe palibe zolankhula amathirapo nyimbo ya kiyibodi, kapena amasiya zii weniweni wa kompyuta, yemwe amamveka ngati sipika yafa. Njira ya Lynch ndi Splet n'kuyala phokoso lapansi losalekeza, lomwe woonera amasiya kulimva pakapita mphindi imodzi koma thupi lake likulimvabe. Mukalidula mwadzidzidzi, mtima umadumpha popanda chochitika chilichonse pa sikirini.

Lilongwe ndi wolemera pa zimenezi. Chigayo chikamvekera kuseri kwa mpanda, makina a ku Kanengo usiku, owotcherera zitsulo ku Biwi, firiji yakale ya m'grosale, malata akuthetheka dzuwa likafika paliwombo, nsima ikubwadamuka mumphika. Tepani chilichonse kwa mphindi zosachepera ziwiri, mu fayilo ya WAV pa 48 kHz, osati ngati voisi noti ya WhatsApp, yomwe imafinya mawu n'kutaya zonse zapansi ndi zapamwamba. Mita ya mawu izifika chapa -12 dB. Ikagunda pa ziro mawu amang'ambika ndipo sakonzekanso. Maikolofoni muiveke siponji kapena sokosi, poti kamphepo ka mu Julaye kamamveka ngati bingu. Mukafika pa laputopu, pulogalamu yaulere ngati Audacity imakwanira. Chepetsani liwiro ndi theka: mawu amatsika n'kukhala a besi, kutalika kwake n'kuwirikiza kawiri, ndipo chigayo chimaleka kumveka ngati chigayo. Sanjikizani awiri kapena atatu, lina lapansi, lina lapakati, lina lopyapyala ngati mluzu wakutali. Lapakatilo musalinyoze. Anthu ambiri adzaonera pa foni, ndipo timasipika ta foni sititulutsa mawu apansi kwambiri. Mukadalira besi yokha, ntchito ya sabata yathunthu idzamveka m'mahedifoni mwanu mokha.

Mu 1970 Lynch anasamukira ku Los Angeles kukaphunzira pa sukulu ya American Film Institute, yomwe inali m'chinyumba cha Greystone ku Beverly Hills. Eraserhead inayamba kumeneko ngati ntchito ya pasukulu. Sikiripiti yake inali ya masamba 21, ndipo popeza mwachizolowezi tsamba limodzi limatengedwa ngati mphindi imodzi, akuluakulu a sukulu ankayembekeza kafilimu kakafupi. Inatuluka ya mphindi 89. Kusiyanaku kukuonetsa kumene Lynch ankaika nthawi: m'kuyenda kwa munthu pakati pa mafakitale, m'kudikira chikepe kuti chitseke, m'kukhala chete pa tebulo la apongozi. Kujambula kunayamba mu 1972 m'makola a mahatchi a pamalopo, nthawi zambiri usiku, ndipo filimu inaonetsedwa mu 1977. Ndalama zinkatha, ntchito n'kuima. Lynch ankagona m'chipinda chomwe ankajambuliramo ndipo ankagawa nyuzipepala ya The Wall Street Journal kuti apeze ya chakudya. Jack Nance, yemwe anasewera Henry, mwininkhani wa filimuyi, anasunga tsitsi lake loimirira lija zaka zonsezo. Pali malo pomwe Henry amatsegula chitseko, ndipo chithunzi chotsatira, cha iye akulowa m'chipinda, chinajambulidwa patapita nthawi yoposa chaka. Woonera saona msoko, chifukwa mdima ndi phokoso lapansi lija zimamata mbali ziwirizo.

Mukaika mafilimu a kusukuluwa pambali pa otchuka aja, ulusi wake umaoneka ndi maso. Dothi la pabedi la mu The Grandmother labweranso m'chipinda cha Henry, mulu wa dothi wokhala ndi kamtengo pambali pa bedi, popanda mphika. Kusanza kwa amuna asanu ndi mmodzi aja, thupi likutulutsa zomwe silingathe kusunga, kumabwerera m'khanda lodwala la mu Eraserhead. Pansi pa mizere yokhotakhota pomwe Henry amaponda polowa m'nyumba yake ndi pomwe panadzakhala pansi pa chipinda chofiira cha mu Twin Peaks mu 1990. Catherine Coulson, yemwe anasewera mayi wonyamula chipika mu Twin Peaks, anali wothandizira pa Eraserhead ndipo anasewera mu The Amputee ya 1974, kafilimu komwe Lynch anakapanga pamene Frederick Elmes anapatsidwa ntchito yoyesa mitundu iwiri ya tepi ya vidiyo. Elmes yemweyo ndiye anagwira kamera pa Blue Velvet mu 1986.

Kalankhulidwe kachilendo ka m'chipinda chofiira nako ndi nzeru ya mwana wasukulu wosewera ndi tepi. Wosewera amalankhula chiganizo, amachitepa, amachitembenuza kuti chiyambire kumapeto, n'kuloweza mawu otembenukawo. Pojambula amalankhula chobwerera ndi kuyenda chobwerera, kenako kanema yense amatembenuzidwa. Mawu amabwerera m'malo mwake koma mpweya uli polakwika, ngati munthu akumeza mawu m'malo mowatulutsa. M'Chichewa zimavutirapo, chifukwa mawu athu amathera pa a, e, i, o, u, ndiye akatembenuka amathera pa zilembo zomwe lilime lathu silinazolowere kuimapo: "bwera" amamveka chapafupi ndi "arewb". Ziganizo zikhale za mawu atatu kapena anayi, apo ayi wosewera amasochera pakati.

Babu yophethira ija, yomwe ili pafupifupi m'filimu yake iliyonse, kuno imatha kubwera yosaitanidwa. Magetsi athu amayenda pa 50 Hz, pamene mafoni ambiri amajambula mafremu 30 pa sekondi, zogwirizana ndi 60 Hz ya ku America. Zotsatira zake ndi mizere yakuda yoyenda pa chithunzi, makamaka pansi pa machubu ndi mababu a LED otchipa. Ikani kamera pa mafremu 25 ndi shata, chitseko cha kuwala chija, pa 1/50 kapena 1/100 ya sekondi. Pa jenereta yaing'ono ngakhale izi sizithandiza nthawi zonse, poti liwiro la injini limakwera ndi kutsika. Mukafuna kuphethira kwadala, wina azigwedeza katoni kutsogolo kwa nyale mosatsata ndondomeko. Zomasula mawaya amoyo zisiyeni.

Pali chinthu chimodzi chimene otsanzira Lynch amachiphonya kawirikawiri, ndipo filimu zawo zimatopetsa pofika mphindi yachitatu. Amaunjika zodabwitsa popanda msana. Komatu pansi pa zachilendo zonsezo, nkhani zake n'zosavuta: mwana wosakondedwa akufuna womukonda, mnyamata wapereka mimba ndipo akuopa ubambo, mtsikana wapezeka atafa m'tauni yomwe aliyense amadziwana. Mphunzitsi wake ku Los Angeles, Frank Daniel wa ku Czechoslovakia, anamuphunzitsa kulemba zochitika pa timakhadi, kamodzi chochitika chimodzi, ndipo timakhadi tikakwana 70 ndiye kuti filimu yaitali yapezeka. Wopanga mafilimu wina, Mel Brooks, ataonera Eraserhead anamupatsa The Elephant Man ya 1980, nkhani yoyenda mwadongosolo yomwe inapikisana nawo m'magawo asanu ndi atatu a mphoto za Oscar, koma utsi wa mafakitale, kulira kwa makina ndi maloto a njovu zili momwemo. Pomwe zinamukanika ndi pa Dune ya 1984, filimu ya ndalama zambiri yomwe mawu omaliza pa kadulidwe kake sanali ake.

Atakula anabwerera dala ku zida zotchipa. Inland Empire ya 2006, ya maola atatu, anaijambula ndi Sony PD-150, kamera yaing'ono ya vidiyo ya mtundu womwe ojambula maukwati ankanyamula, ndipo anayamba kujambula sikiripiti yonse isanalembedwe. Mu Twin Peaks ya 2017, gawo lachisanu ndi chitatu lili ndi mphindi zambiri zopanda wolankhula, za utsi, moto ndi madontho oyenda ngati penti yothiridwa m'madzi, ndipo muli chinthu choyandama mumdima chomwe chikusanza. Apa n'kuti patapita zaka 50 chipangireni mitu ya pulasitala ija. Pa mndandanda wa ogwira ntchito kumapeto kwa gawo lililonse, dzina la wokonza phokoso ndi la Lynch mwiniwake. Anamwalira mu Januwale 2025, atatsala masiku ochepa kuti akwanitse zaka 79.